MABWALO A MIRANDU: KUMENE TACOKERA NDI CIMENE CIKUTISOWA

Mau amene anakambidwa pa msonkhano wa pacaka wa Bungwe, pamaso pa mamembala a ku Machinga ndi ku Balaka

Komiti yandipempha kuti ndilankhule za mabwalo a mirandu, popeza madandaulo amene amamveka kawirikawiri m'midzi yathu ndiwo a minda, a maukwati ndi a cuma ca masiye. Ndiri ndi mau amodzi okha amene ndifuna kuti tipite nao kwathu. Munthu wa kumudzi asowa bwalo lokhala pafupi, lolankhula cinenero cace ndi lodziwa miyambo yace. Koma bwalo lotere liyenera kukhala ndi malire, pakuti dziko lino linaona kale zimene zimacitika malirewo akacotsedwa.

Poyamba tikumbuke mbiri. Azungu asanadze, mirandu inali kukambidwa pansi pa mtengo, pa bwalo la mfumu, ndipo colinga cinali kubwezera wolakwiridwa ndi kuyanjanitsa mabanja awiri kuti mawa akathe kuikirana maliro. M'caka ca 1933 Boma la Nyasaland linapanga lamulo lobvomereza mabwalo a mafumu, ndipo wosakhutira ndi ciweruzo anali kukadandaula kwa Bwana D.C. Cobvuta cinali cakuti mfumu yomweyo inali yosonkhetsa msonkho, yolamula, ndiponso yoweruza wokana lamulolo. Akuruakuru amene muli muno mukumbukira za malimidwe m'zaka za m'ma 1950, pamene anthu anali kulipitsidwa ndi kumangidwa cifukwa ca mizere ya m'munda, ndipo ulemu wa mafumu unacepa pamaso pa ana ao.

M'caka ca 1962 panadza lamulo latsopano la makhoti a m'madera, limene linafuna kulekanitsa nchito yolamulira ndi nchito yoweruza. Amene anatsogolera kusinthaku ndi a Orton Chirwa, loya amene pambuyo pace anakhala Nduna ya Cilungamo. Koma m'caka ca 1969, pa nthawi imene anthu anali kuphedwa usiku ku Chilobwe mu Blantyre, Bwalo Lalikuru linamasula ena oganiziridwa cifukwa ca kuperewera kwa umboni, ndipo Boma linapsa mtima. Lamulo linasinthidwa, makhoti aja anachedwa makhoti a miyambo, napatsidwa mphamvu yoweruza mirandu ya kupha munthu ndi kulamula kuti wolakwa anyongedwe, ndipo patapita nthawi anayamba kuzenganso mirandu youkira Boma. Woimbidwa mlandu sanali kuloledwa kudza ndi loya, ndipo apilo siinali kupita ku Bwalo Lalikuru. Oweruza Acingelezi a Bwalo Lalikuru anasiya nchito posagwirizana nazo.

Zipatso zace tizidziwa. A Albert Muwalo anaweruzidwa m'bwalo lotere nanyongedwa mu 1977. A Orton Chirwa eni ace, pamodzi ndi akazi ao a Vera Chirwa, analamulidwa kuphedwa mu 1983. Cilangoco cinasinthidwa kukhala ukaidi wa moyo wonse, ndipo a Orton anafera m'ndende ya Zomba mu 1992. Amai ndi Abambo, dzina la mwambo linabvekedwa pa cinthu cimene makolo athu sanacidziwe, pakuti pa bwalo la makolo munthu anali kudza ndi amalume ace kuti amlankhulire. Cotero mu 1993 makhoti akuru a miyambo anaimitsidwa, ndipo anthu ambiri anapuma.

Malamulo akuru a dziko a 1994 anatipatsa zinthu za mtengo wapatali. Ananena kuti oweruza akhale oima pa okha, osalamulidwa ndi munthu ali yense. Tinaona mphamvu yace pa 3 February 2020, pamene oweruza asanu anafafaniza cisankho ca Pulezidenti ca 2019, ndipo cisankho cina cinacitika pa 23 June caka comweco. Ndime 42 inena kuti munthu womangidwa auzidwe cifukwa cace m'cinenero cimene acimva, ndi kuti aonekere ku khoti asanapite maora 48, kapena pa tsiku loyamba limene khoti likhala maorawo atatha. Ndime 110 ilola Nyumba ya Malamulo kukhazikitsa makhoti a miyambo kapena a m'madera, koma a mirandu ya mwambo ndi zolakwa zazing'ono zokha. Malire aja ndi amenewa.

Tsono bvuto lathu lero ndi ili. Makhoti akale atatsekedwa, katundu yense anagwera a majisitireti, monga a ku Liwonde ndi a ku Balaka, amene ali ndi mirandu ya kuba ndi kubvulazana yowadikira m'mawa uli wonse. Mai wa m'dziko la Mfumu Kawinga kapena Mfumu Nyambi, wa kwa Kalembo kapena kwa Msamala, amene walandidwa dimba lace, ayenera kulipira njinga ulendo wopita ndi wobwerera, iye ndi mboni zace, ndipo akafika angathe kuuzidwa kuti mlandu wasunthidwa kufikira mwezi wa mawa. Ambiri angogwa mphwai. Lamulo la makhoti a m'madera linabvomerezedwa mu 2011 kuti litseke mpata umenewu, koma panapita zaka zambiri anthu a kumudzi osawaona makhotiwo akugwira nchito.

Mirandu yaikuru nayonso icedwa. Mlandu wa kupha munthu uweruzidwa ndi Bwalo Lalikuru lokha, limene nyumba yace yapafupi ndi ife iri ku Zomba. Tonse tikumbukira mnyamata wa cialubino wa ku Machinga kuno amene anaphedwa mwa nkhanza mu 2018; ciweruzo cinaperekedwa mu 2022, pamene anthu 12 anapezeka olakwa. Cilungamo cinacitika, ndipo tiyamika. Koma zaka zinai nzambiri kwa banja lolira, nzambirinso kwa munthu wokhala pa rimandi amene kapena alibe cifukwa. Akuru anati mlandu suola. Nzoona, koma mboni zimakalamba ndi kufa, ndipo munda wokanganirana sudikira. Mvula ikagwa wamphamvu ndiye amalimamo.

Kuno kwathu nkhani yi iri ndi mbali yinanso. Ambiri a ife, Ayao ndi Amang'anja ndi Alomwe, titsata cikamwini: mwamuna akhala kwa mkazi, munda uyenda kucikazi, ndipo mwini mbumba ndi ankhoswe ali ndi mau pa za ana ndi za ukwati. Woweruza wosadziwa zimenezi angathe kutsata buku bwino lomwe koma nkusiya mudzi uli pa moto. Komanso tisabise kuti pa mabwalo ena a m'midzi wosauka ndi wamasiye samvedwa bwino, ndipo nkhuku ya cabwalo imakula kufikira kusanduka mbuzi. Ndico cifukwa cace bwalo la pafupi liyenera kulemba zogamula zace, ndi kusiya khomo la apilo lotseguka.

Pomariza, Bambo wa Pampando, ndiika pamaso pa msonkhano zinthu zinai. Coyamba, Bungwe lilembere aphungu athu a ku Nyumba ya Malamulo kuti afunse za makhoti a m'madera, ndi kuti malire a ndime 110 asungidwe. Caciwiri, tiphunzitse anthu kuti lamulo la malo a makolo la 2016 linaika mabwalo a mirandu ya malo otsogozedwa ndi Mafumu akuru, ndi kuti wosakhutira ali ndi ufulu wokwera pamwamba. Cacitatu, tilengeze m'mipingo ndi m'mizikiti kuti belo ya ku polisi siigulidwa, kuti lamulo la 2011 la cuma ca masiye liyesa kulanda katundu wa mkazi wamasiye ndi ana ace kukhala mlandu, ndi kuti bungwe la Legal Aid Bureau, limene linayamba nchito mu 2015, linaikidwa kuti lithandize osowa ndalama ya loya. Cacinai, membala ali yense amene aitanidwa kukhala mboni apite pa tsiku lace, nanene coona cokha, ngakhale wolakwayo ali mphwace; pakuti bwalo labwino kopambana silingathe kuweruza molungama ngati mudzi wonse wapangana kukhala cete.

Ndipempha Mlembi kuti zinai zimenezi zilowe m'buku, kuti caka ca mawa tidzafunsane cimene tacita.