John Cazale: mafilimu 5 okha basi

Lero tikambe za munthu amene ambirinu nkhope yake mumaidziwa koma dzina ayi: John Cazale.

Ngati munaonerapo The Godfather, kumbukirani Fredo, mkulu wake wa Michael Corleone, wamantha uja. Bambo ake atawomberedwa pamsewu, mfuti inamupulumuka m'manja, n'kukhala pansi kumalira. Ameneyo ndiye Cazale.

Anabadwa mu 1935 ku Massachusetts, ku America, ndipo kwa zaka zambiri ankachita zisudzo za pasiteji. Ndalama zake sizinkakwanira, ndiye ankayendetsa takisi, komanso anagwirapo umesenjala ku kampani ya Standard Oil. Kumeneko ndi kumene anadziwana ndi mesenjala mnzake, Al Pacino.

Filimu yake yoyamba inatuluka ali ndi zaka 36. Tiyeni tiwerenge onse: The Godfather mu 1972, The Conversation ndi The Godfather Part II mu 1974, Dog Day Afternoon mu 1975, The Deer Hunter mu 1978. Basi, athera pomwepo. Koma onse 5 anapikisana nawo pa mphoto ya Oscar ya filimu yopambana pachaka, ndipo atatu anawina. Nanga mwiniwakeyo? Sanasankhidwepo ngakhale kamodzi kuti apikisane nawo pa Oscar.

Luso lake linali pati? Ankavomera kukhala wofooka pa kamera, zimene akatswiri ambiri amazithawa. Mu Dog Day Afternoon, iye ndi Pacino ndi akuba amene apolisi awazungulira m'banki. Pacino akumufunsa dziko lakunja limene akufuna kuthawirako, iye n'kutchula Wyoming, dera la mu America momwemo. Yankho limeneli silinalembedwe, analipeka pomwepo. Umayamba kuseka, kenako chisoni, chifukwa wazindikira kuti munthuyu sanapiteko kulikonse ndipo sapitanso kulikonse.

Pojambula The Deer Hunter n'kuti akudwala khansa ya m'mapapo. Eni ndalama anafuna kumuchotsa, koma chibwenzi chake, Meryl Streep, anati akatero nayenso asiya. Wotsogolera filimuyo, Michael Cimino, anayamba kujambula mbali za Cazale. Anamwalira mu Malichi 1978 ali ndi zaka 42, filimuyo isanatuluke.

Ineyo monga wa IT, imene imandikhudza ndi The Conversation. Mmenemo ndi Stan, wothandizira Gene Hackman pa makina ojambulira mawu. Ntchito yathu ndi yomweyo: netiweki ikamayenda bwino palibe amakutchula, ikagwa dzina lako aliyense walidziwa. Ambirife kunja kuno tili pa ntchito zotere, kusamalira okalamba, kunyamula katundu m'mawerahausi, ndipo akumudzi akafunsa kuti umatani timachita kuzungulira.

Sindikunena kuti muzikhutira ndi malipiro ochepa, ayi. Cazale naye anayenera kulandira zambiri kuposa zimene anapatsidwa. Koma kusatchulidwa kusakupangitseni kugwira ntchito mwa bola kwacha, chifukwa amene uli nawo pafupi amaona. Pacino wakhala akunena kuti anaphunzira zambiri kwa Cazale, ndipo Francis Ford Coppola anamutenga m'mafilimu atatu otsatizana.

Mukapeza mpata sabata ino, onerani The Godfather Part II, koma maso akhale pa Fredo. Tidzamve maganizo anu.