Mwana Wosayankhula Angathe Kupempha Madzi ndi Manja

Lero za zimbudzi ndi maukonde tiziike kaye pambali.

Nkhani yathu ndi ya mwana amene wafika zaka zitatu, zinayi, mawu osatuluka. Mukamuitana dzina satembenuka, koma chigayo chikalira amatseka makutu. Amasewera yekha, kundandalika zitsekerero za mabotolo pamzere, ndipo akafuna madzi amakugwirani mkono n'kukukokerani kumtsuko. Kuchipatala zimenezi amazitcha autism. Bungwe la WHO linayerekeza kuti pa ana pafupifupi 100 aliwonse mmodzi ali nayo, ndiye m'midzi yathu ino ana otere alimo. Mwanayo sanalodzedwe, bambo ake sanamukhwimire kuti geni iyende, ndipo katemera wa kusikelo sayambitsa vutoli. Ubongo wake unakula mwanjira yakeyake. Komabe yambani mwamuyezetsa makutu kuchipatala, chifukwa mwana wosamva nayenso satembenuka akaitanidwa.

Mumadandaula kuti amadzigwetsa pansi, amaluma, amadzimenyetsa mutu kukhoma. Kawirikawiri amakhala akufuna chinthu koma alibe ponenera. Apa ndiye manja amathandiza. Mawu akatuluka pakamwa amatha pomwepo, pamene chizindikiro cha dzanja mungathe kuchigwira chikhalire mpaka mwana achione. Chinanso, lilime la mwana simungaligwire kuti litchule mawu, koma dzanja lake mungalitsogolere.

Ndikuona agogo apo akupukusa mutu, ati akazolowera manja pakamwa padzatsekeka. Ayi agogo. Amene afufuza nkhaniyi apeza kuti zizindikiro sizilepheretsa mwana kuyankhula, ndipo ana ena mawu oyamba amawatulutsa limodzi ndi chizindikiro. Ku Britain njira yotchedwa Makaton, yomwe mayi Margaret Walker ndi anzawo anayambitsa m'zaka za m'ma 1970, imayenda chomwecho: mukunena mawu, dzanja likusonyeza liwu lofunika lokhalo. Kuno tili ndi chinenero chamanja chathu, chimene amaphunzitsira ana osamva ku Mua m'boma la Dedza ndi ku Maryview ku Chiradzulu, ndipo bungwe la anthu osamva la MANAD limachilimbikitsa. Ngati pafupi pali munthu wochidziwa, tengani zizindikiro kwa iyeyo. Ngati palibe, gwirizanani zanu pakhomo.

Yambani ndi zinthu zimene mwanayo amazifuna yekha: madzi, phala, kuwonjezera, basi, chimbudzi. Musayambe ndi zikomo. Ndikudziwa ife timakonda mwana waulemu, koma zikomo sathetsa ludzu, ndiye mwanayo saona chifukwa chovutikira.

Tiyeni tione za madzi. Dikirani nthawi imene ali ndi ludzu. Gwadani kuti mufanane naye msinkhu, kapu m'dzanja limodzi. Nenani kuti madzi, liwu limodzi lokha, dzanja linalo mukulipititsa kukamwa ngati mukumwa. Kenako khalani chete, muwerenge mumtima mpaka khumi. Kudikiraku ndi kumene kumatikanika ambiri, timafulumira kumupatsa kapena kumubwerezera mawu ambirimbiri. Akapanda kuchita, tengani dzanja lake mofatsa, mulipititse kukamwa kwake, n'kumupatsa madziwo nthawi yomweyo. Mawa chimodzimodzi, mkuja chimodzimodzi, mukuchepetsa kumugwira pang'onopang'ono. Akangokweza dzanja mokhota, landirani, wapempha ameneyo. Musamumane madzi mpaka alire, ndipo musamugwire chibwano kuti akuyang'aneni m'maso, ana ambiri otere zimenezo zimawasautsa. Paphala, muikireni pang'ono m'mbale kuti apeze mpata wopempha lina.

Chizindikiro chikhale chimodzi kwa onse: mayi, bambo, agogo, achemwali ake, ndi olera ana kusukulu ya mmera mpoyamba. Aliyense akamachita zake, mwana amasokonezeka n'kubwerera kukoka mkono.

Si ana onse amene manja amawayendera. Ena kutsanzira kumawavuta, zala sizimvera. Amenewo yesani zithunzi, kapena chinthu chenichenicho: abweretse kapu akafuna madzi, supuni akafuna phala. Mukaona kuti sizikuyenda, mundipeze tsiku la sikelo ndi buku lake la kuchipatala, ndikulembereni kalata yopita nayo kuchipatala cha boma.

Tsopano imirirani awiriawiri, wina akhale mayi, wina mwana. Abambo kumbuyoko inunso, bwerani mutenge makapu awa.