Njira ya Kumudzi Inafupika



Agogo athu ankabwera kuno ku Joni wapansi, masabata ambiri m'tchire, akulimbana ndi njala ndi zilombo. Njanji inafika ku Blantyre mu 1908, ndipo mlatho wa Dona Ana pa Zambezi utatha mu 1935, sitima inayamba kuyenda osaduka mpaka ku Beira. Kenaka kunabwera ndege za WENELA. Tisaiwale abale athu oposa 70 amene anafa pa ngozi ya ndege ku Francistown mu 1974, akubwerera kumudzi kuchokera kumigodi.

Chaka cha ufulu wathu, 1964, ndi chomwenso Air Malawi inakhazikitsidwa. Lero basi yodzera ku Beitbridge, Nyamapanda, Tete ndi Mwanza imatifikitsa kwathu pa masiku awiri. Ndege, maola osakwana atatu.

Nanga bwanji ambirife timangopita kumudzi kukagwa maliro? Ife anamwino timaona okalamba m'zipatala muno akulirira kwawo, nthawi itatha kale. Agogo ena anatchona chifukwa njira inali yowawa. Ife tilibe chowiringula. Tiyeni tiwatenge anawa akaone abale awo adakali moyo.

Chikondwerero chabwino cha ufulu kwa nonse.