Kuyeza Kuwala kwa Nyenyezi

Madzulo ano tifunsane: kodi munthu angayeze bwanji kuwala kwa nyenyezi, chinthu chimene sangachiike pa sikelo?

Buku la Ptolemy, lolembedwa cha m'ma 150, linagawa nyenyezi m'magulu asanu ndi limodzi, zowalitsitsa m'gulu loyamba, zooneka movutikira m'gulu lotsiriza. Koma muyeso wake unali diso lokha, ndipo maso a anthu awiri kawirikawiri sagwirizana.

M'chaka cha 1834, John Herschel wa ku England anafika ku Cape Town kudzafufuza nyenyezi za kummwera, zomwe ifenso timaziona. Iyeyu anakonza kachipangizo kopanikiza kuwala kwa mwezi m'kagalasi kakang'ono, mpaka kuwalako kuoneka ngati kanyenyezi. Kagalasiko ankakasendeza pa ndodo, kufupi kapena kutali ndi diso, kufikira kanyenyezi kopangako katafanana ndi nyenyezi yeniyeni. Tsono ankayeza kutalika kwa pakati pa diso ndi kagalasiko. Paja nyali mukaitalikitsa kawiri, kuwala kwake kumachepa kanayi. Motero kuwala kunasanduka nambala yoti ilembedwe m'buku. Vuto lake linali lakuti mwezi womwewo unkayeretsa thambo ndi kusokoneza muyeso, komabe njira inali itatseguka.

Khama lake lofananiza ndi kulemba linabala zipatso pa 16 December 1837. Usiku umenewo anapeza kuti nyenyezi imene lero itchedwa Eta Carinae yawala mwadzidzidzi, kuposa Rigel. Popeza anali atalemba kale m'mene inkawalira, sanakayike kuti yasinthadi. Mu 1843 inkaposedwa ndi Sirius yekha, ndipo m'zaka zotsatira inazilala mpaka kusaonekanso ndi maso. Lero akatswiri akudziwa kuti nthawi imeneyo inalavula mpweya ndi fumbi lochuluka zedi, ndipo mbiri ya kuphulikako amaiwerenga m'zolemba za Herschel ndi anzake.

Zotsatira za ntchito yake zinasindikizidwa mu 1847. Mu 1856, Norman Pogson anakhazikitsa lamulo lakuti nyenyezi ya m'gulu loyamba imawala ka 100 kuposa ya m'gulu lachisanu ndi chimodzi, ndipo lamuloli likugwirabe ntchito.

Mau a akulu akoma akagonera, koma agonera pokhapokha wina atawasunga. Inu aphunzitsi, tulukani ndi ana madzulo, asankhe nyenyezi zitatu, alembe imene ikuposa zinzake, pamodzi ndi tsiku lake.