Makina Obweza Nthawi ndi Mthunzi wa Hezekiya

 Lero tilingalira za nthawi, ndipo nkhani yotitsogolera ili pa 2 Mafumu chaputala 20.

M'chaka cha 1895 mlembi wa ku England, H. G. Wells, anasindikiza nthano yotchedwa The Time Machine. Muli munthu amene anapanga makina oyenda m'nthawi monga bwato liyenda pamadzi, nakafika nawo m'chaka cha 802,701. Chiyambire pamenepo nthano ndi mafilimu za maiko ongopeka zadzala ndi makina otere: wotchi yamatsenga yoimitsa dzuwa, gudumu loti ukalipotoza dzulo libwerera. Makina amenewa kulibe, ndipo amene amawalemba amadziwa kuti kulibe. Nanga anthu amawakonderanji chotere? Pakuti aliyense wa ife ali nalo tsiku limene akadakonda kulibweza: tsiku limene analankhula mau opweteka kwa mayi wake, tsiku limene anasiya banja, tsiku limene anatenga ndalama zosakhala zake.

Tiyeni tipite ku Dar es Salaam, mzinda umene Sultan Majid wa ku Zanzibar anauyamba m'zaka za m'ma 1860. Ambiri a inu mumaudziwa: mumakapikula katundu ku Kariakoo, kapena kukatenga galimoto kudoko. Mukaoloka mtsinje wa Songwe kulowa m'Tanzania mumakankha wotchi ola limodzi kutsogolo, ndipo pobwerera mumaibweza ola limodzi m'mbuyo. Ndi mmenenso amachitira okwera sitima ya TAZARA pakati pa Dar es Salaam ndi Kapiri Mposhi. Kodi wobwerayo wapatsidwa ola loonjezera pa moyo wake? Iai. Muvi wa wotchi wabwerera, koma imvi za m'mutu sizinabwerere. Munthu ali ndi mphamvu pa wotchi, koma alibe mphamvu pa nthawi.

Baibulo likutiuza za tsiku limene mthunzi weniweni unabwerera m'mbuyo. Mfumu Hezekiya ya ku Yuda inadwala kufikira pafupi kufa, ndipo mneneri Yesaya anadzaiuza kuti ikonze za pabanja pake. Hezekiya anatembenukira kukhoma, napemphera ndi misozi. Mulungu anamva, namuonjezera zaka 15, ndipo monga chizindikiro anabweza mthunzi makwerero khumi pa makwerero a Ahazi. Panalibe makina, panalibe matsenga; anachita ndi Mwini dzuwa.

Koma taonani chimene chinatsatira. Atachira, kunabwera amithenga ochokera ku Babulo, ndipo Hezekiya anawaonetsa chuma chake chonse, siliva, golide ndi nyumba ya zida, osabisa kanthu. Yesaya anamuuza kuti zonsezo zidzatengedwa kunka ku Babulo. Munthu amene anapatsidwa chimene nthano zimangolota anagwa m'kunyada m'masiku oonjezerawo. Apa pali phunziro lolemera, abale ndi alongo. Tikadapatsidwa makina obweza nthawi, tikadabwerera ku dzulo ndi mtima womwe uja umene unaononga dzulo. Madzi akatayika saoleka, koma ngakhale akadaoleka, mtsuko wobooka ukadawatayanso. Chosowa chathu ndi mtima watsopano.

Nanga zakale zathu zitani? Mulungu salifafaniza tsiku la dzulo, koma amakhululukira tchimo la tsikulo chifukwa cha mwazi wa Khristu, ndipo amatipatsa ntchito yoti tichite lero. Kumbukirani Zakeyu pa Luka 19. Sakadatha kubwerera ku zaka zimene analanda anthu a ku Yeriko pokhometsa msonkho. Chimene akadatha ndicho anachita: analonjeza kupereka theka la chuma chake kwa osauka, ndi kubweza kanayi kwa aliyense amene anamulanda. Inu amene munapatsidwa ndalama za mnzanu kuti mukamgulire katundu ku Dar es Salaam, nimubwera ndi nkhani yoti zinabedwa m'basi pamene munazidya nokha, simungabweze ulendo uja, koma ndalamazo mungabweze. Inu amene simulankhulana ndi mbale wanu chifukwa cha munda wa malemu bambo anu, simungameze mau amene munalankhula pamaliro, koma foni muli nayo m'manja.

Mzinda womwewu ukutiphunzitsa chinthu chinanso. Olankhula Chiswahili amayamba kuwerenga maola m'mawa: 7 koloko m'mawa ndi ola loyamba, 12 koloko masana ndi ola lachisanu ndi chimodzi, ndipo 5 koloko madzulo amaitcha saa kumi na moja, ndiko kuti ola la 11. Ndi mmenenso ankawerengera m'masiku a Ambuye Yesu. Pa Mateyu 20 mwini munda wamphesa anatuluka pa ola la 11, dzuwa litapendeka, napeza anthu ataima pamsika opanda ntchito, ndipo anawalemba. Maola khumi ndi limodzi amene anatayika sanawabwezere. Anawalandira ndi ola limodzi limene linatsala, nawalipira mwa chifundo chake.

Koma ola la 11 silikhalitsa, ndipo palibe mwa ife adziwa kuti wotchi yake ili pati. Pa 16 November 2024, m'mawa, nyumba yosanja inagwa ku Kariakoo anthu ali pa malonda awo, ndipo ambiri anataya miyoyo. Sanali ochimwa koposa ife. Anadzuka monga tadzukira ife lero, ali ndi mapulani a mawa. Hezekiya anauzidwiratu kuti akonze za pabanja pake, koma ambiri sauzidwa.

Chotero, mnzathu womvera, musadikire makina amene sadzabwera. Lapani lero, bwezani za eni lero, pepesani lero. Tiyeni tipemphere. Atate wakumwamba, nthawi zathu zonse ndi zanu. Tikhululukireni zaka zimene taononga, tipatseni mtima watsopano, ndipo mutilimbitse kuti tikonze zimene tingathe dzuwa lisanalowe. M'dzina la Yesu Khristu, Amen.