Chitukuko Chisafafanize Mbiri ya Chongoni

Mawu amene mneneri wa Khonsolo ya Dedza adalankhula kwa anthu a ku Chongoni atatha kuonera kanema



Kanema wamfupi amene tangoonerayu watisonyeza katapila akugumula nyumba zamakedzana m'tauni kuti pamalopo pamangidwe masitolo. Zimene anthu adamanga kwa zaka zagwa m'mawa umodzi. Ku Blantyre, nyumba zambiri zakale zidalembedwa nyenyezi yofiira, chizindikiro chakuti zikonzedwe kapena zigwetsedwe. Komabe mumzinda womwewo nyumba ya Mandala, yomangidwa m'chaka cha 1882, idakali chilili chifukwa idatetezedwa.

Wina anganene kuti izi n'za m'tauni. Koma nafenso tili ndi chuma chimene chingawonongeke. M'mapiri athuwa muli malo 127 a zojambula pamiyala, monga Chentcherere, Namzeze ndi Mphunzi. Zofiira zidajambulidwa ndi Akafula. Zoyera zidajambulidwa ndi makolo athu Achewa, ndipo zimakhudza chinamwali ndi Gule Wamkulu. M'chaka cha 2006 bungwe la UNESCO lidaika malowa m'kaundula wa chuma cha dziko lonse lapansi.

Kuno wowononga sabwera ndi katapila. Amabwera ndi khala lolembera dzina lake pamwamba pa chojambula, moto wosonkha m'phanga umene utsi wake umadetsa thanthwe, ndi nkhwangwa yodula mitengo imene imatchinga dzuwa ndi mvula. Sitolo ikagwa timamanga ina, koma chojambula chikafufutika palibe mmisiri angachibwezeretse. Madzi akatayika saoleka.

Khonsolo sikukana chitukuko. Misewu, misika ndi zipinda zophunziriramo tikuzifuna tonse. Pempho lathu ndi ili: musanaswe miyala pafupi ndi phanga, kapena kugwetsa tchalitchi, sukulu ngakhale nyumba yakale, dziwitsani amfumu ndi komiti ya VDC. Iwo atengere nkhaniyo ku ADC ndi kukhonsolo, kuti tifunse akatswiri a nthambi ya boma yoona zosunga mbiri yakale. Lamulo la dziko lino limateteza malo otere, ndipo wowawononga akhoza kuimbidwa mlandu.

Makolo, uzani ana chimene zojambulazi zikutanthauza, pakuti mwana wodziwa salembapo dzina lake.