Munthu Amene Anajambula Ojambula Anzace

Lero tikamba za Les Blank wa ku America, amene anabadwa mu 1935 namwalira mu 2013. Iye anali katswiri wa kamera, ndipo poyamba anali kujambula oyimba ndi miyambo ya anthu wamba.

Mu 1981 Blank anali m'nkhalango ya dziko la Peru, kumene Werner Herzog wa ku Germany anali kupanga filimu yochedwa Fitzcarraldo. Herzog anafuna kuti sitima yeniyeni ya pamadzi, yolemera matani oposa 300, ikwezedwe paphiri kucokera kumtsinje wina kufikira kumtsinje unzace. Kamera za Herzog zinapenya sitimayo. Koma Blank analoza yace kwa eni nkhalango amene anagwira nchitoyo, kumatope, ndi kuzingwe zacitsulo. Anatisonyezanso injiniya wa ku Brazil amene anasiya nchito pocenjeza kuti anthu angafe.

Filimu ya Blank, Burden of Dreams, inaturuka mu 1982. Popanda iyo, oonerera akadatama sitima ndi Herzog yekha, osaona thukuta la amene anaika moyo wao paciswe.

Tsono ana inu, mukaona filimu dzifunseni kuti, kodi ndani anasenza katundu, ndani anaphika, nanga ndani anabvulala? Aphunzitsi, auzeni ana ajambule papepala anthu asanu ogwira nchito amene saoneka m'filimu. Tsalani bwino.